Injini ya a Timoteyo

Lachiwiri pa 12 Juni 1979, cha m'ma 10 koloko m'mawa, ng'ombe ziwiri zidakokera pikapu ya a Rafaelo pa galaja ya Gervazio, pamphambano ya msewu wopita ku Bembeke. Idali Pijo 404 yoyera, ya chaka cha 1968. Idafera pachitunda chapafupi itasenza matumba a kachewere, madzi onse atathera pansi.

Galajayo idali chisakasa cha malata asanu ndi atatu, dzenje loonera kunsi kwa galimoto ndi kabati yachitsulo. Gervazio adali ndi zaka makumi anayi ndi zisanu ndi chimodzi. Umakaniko adauphunzira ku Halale, ndipo adabwerako ndi makatalogi awiri, mabuku onenepa osonyeza chithunzi ndi nambala ya sipeya iliyonse ya galimoto. Ankawakulunga m'pulasitiki kuopa chinyezi.

Adatsegula boneti, nagwedeza fani ndi dzanja.

"Wota pampu yatha," adatero.

A Rafaelo adali wamalonda. Ankagula kachewere m'midzi n'kukagulitsa ku Blantyre, ndipo pa jekete lawo sipankachoka baji ya chipani. Pikapuyo ndi yomwe inkanyamula amayi opita kukavina ku boma pa masiku akuluakulu.

"Inu a Gervazio, pa 6 Julaye si patali," adatero a Rafaelo. "Amayi akalephera kupita, mukafotokoza ndinu."

"Akwere ng'ombe zomwezi. Zaonetsa kale kuti zimafika."

A Rafaelo adaseka ndi pakamwa pokha. Adatulutsa bulubuku ya galimotoyo m'thumba la jekete, ndipo Gervazio adakopera nambala ya injini yolembedwa m'menemo. M'katalogi mudali mapampu awiri. Yoyamba idali ya injini zofika pa nambala 7 104 550, yachiwiri ya injini zoyambira pa 7 104 551 kupita m'tsogolo. Nambala ya m'bulubuku idagwera pa yoyamba. Pa injini penipeni Gervazio sadayang'anepo. Padali pataundana oyilo ndi katondo, ndiponso mwini galimoto adali ataima pamsana pake.

Lachisanu pa 15 adakwera basi ya ku Lilongwe. Padepoti anyamata a malaya ofiira adaona khadi yake ya chipani, naibweza. Madzulo adabwera ndi pampu yatsopano m'katoni.

Loweruka m'mawa pampuyo idakana kulowa. Mabawuti atatu adalunjika bwino, koma bowo lachinayi lidaphonya ndi mpata wa chala chimodzi. Gervazio adaika pampu yakale pambali pa katalogi. Idafanana ndi chithunzi chachiwiri. Adatenga parafini ndi burashi ya waya, natsuka pambali pa injini mpaka manambala osindikizidwa m'chitsulo adaoneka. Kenaka adaika kapepala pamenepo n'kukhutiza ndi pensulo, monga adaphunzirira ku Halale, kuti asakopere molakwa. Pakapepalapo padatuluka 7 388 216. Sidali nambala ya m'bulubuku.

Zimenezo pazokha sizidamudabwitse. Magalimoto ambiri a m'dera limenelo ankayenda ndi injini za anzawo. Chimene chidamuimitsa chidali chogwirira dainamo. Chidali chowotcherera ndi mkuwa, mzere wake wopindikira kumanzere kumapeto. Adauzindikira mzerewo, chifukwa dzanja lake ndi lomwe linkapinda choncho.

M'kabati mudali buku lakuda. Kuyambira 1971 Gervazio ankalembamo galimoto iliyonse yolowa pagalajapo: tsiku, mwini wake, nambala ya injini ndi ntchito yomwe wagwira. Adabwerera m'mbuyo tsamba ndi tsamba, chala chikutsika m'mizere. Adaipeza pa 3 Seputembala 1976. Pijo 404 saluni yobiriwira, injini 7 388 216, kuwotcherera chogwirira dainamo. Mwini wake, a Timoteyo.

A Timoteyo adali alamu ake, mwamuna wa mlongo wake Magadalena. Adali mphunzitsi wamkulu pa sukulu ina ya pulayimale cha ku Kaphuka. Lachinayi pa 14 Okotobala 1976 adanyamuka m'mawa pa saluniyo, ataitanidwa ndi kalata kuti akatenge mapepala ku boma. Sadabwerenso. Patapita sabata kudabwera amuna awiri ovala majekete, amene sadatchule maina awo. Adauza abale kuti mphunzitsiyo adawoloka malire ndi galimoto yake, ndipo kuti ku Ulongwe, m'dziko la Mozambiki, ali ndi mkazi wina. Malirewo amaoneka ndi maso kuchokera pamsewu. Palibe adatsutsa.

Kuyambira pamenepo Magadalena sadali mkazi wa munthu, sadalinso wamasiye. Adatuluka m'nyumba ya sukulu n'kubwerera kumudzi kwa amake ndi mwana wake Elena. Akuchimuna sadakhale maliro. Kumeta kudalibe, kumusudzula kudalibe. Kutchalitchi sakadapereka Misa ya akufa kwa munthu womveka kuti ali moyo. Pachitsime amayi ena ankamutchula kuti wothawidwa.

Gervazio adatsegula tsamba lina. Pikapu ya a Rafaelo idalowa pagalajapo komaliza mu Epulo 1976, injini ikugogoda, ndipo iye adawauza kuti ifunika kuphwasula yonse. Idakhala pabwalo pa a Rafaelo chilimwe chonse, nkhuku zikuikira mazira kunsi kwake. Adaionanso pa 1 Novembala, tsiku la Oyera Onse, itaima kunja kwa tchalitchi. Nthawi imeneyo adangoganiza kuti adakaikonzetsa ku Lilongwe. Tsopano adawerenga masiku. Kuchokera pa 14 Okotobala kufika pa 1 Novembala adali masiku khumi ndi asanu ndi atatu.

Lamulungu Misa itatha adaitana mlongo wake kuti adzere pagalaja. Adadikira kuti anthu a njinga adutse, ndipo adamuonetsa kapepala kaja ndi mzere wa m'buku.

Magadalena adawerenga manambalawo kawiri, akugwedeza milomo.

"Achimwene, ine za zitsulo sindizidziwa. Nenani Chichewa."

"Injini iyi ndi ya galimoto ya bambo ake a Elena."

"Ija akuti ili ku Ulongwe?"

"Yomweyo."

"Ndiye injini idabwerako yokha wapansi?"

"Sindikunena zimenezo. Ndikunena kuti nambala ndi imodzi."

Magadalena adayandikira galimoto, naika chikhato chake pachitsulo chozizira. Adakhala choncho kanthawi. Pochotsa dzanja sadalipukute.

"Zaka zitatu ndakhala ndikuwatukwana mumtima bambo ake a Elena," adatero. "Ndikupita kwa bambo mfumu tsopano lino. Abwere adzaone okha."

"Ayi, amake Elena. Nkhani ya banja siyambira kwa ansembe. Ine ndine nkhoswe ya kuchikazi. Ya kuchimuna ndi a Stefano. Tikawalumpha, mawa adzati akuchikazi adapha mwana wathu ndi pakamwa kuti akwatitse mlongo wawo. Tione tonse awiri, ine ndi iwo, kenaka tipite limodzi kwa bambo mfumu."

"A Stefano? Aja amabisala m'chimanga akamva belu la njinga ya mesenjala? Chichokere bambo ake a Elena, sadapondepo pakhomo panga ngakhale kudzafunsa ngati mwana ali ndi yunifomu."

"Amantha kapena ayi, adaima nane paguwa tsiku la ukwati wanu. Mwambo ndi umenewo."

"Galimoto ili pano lero, achimwene."

"Ilipo mpaka nditaikonza. Popanda pampu siyenda."

Lolemba pa 18 Gervazio adapalasa njinga kupita cha ku Kaphuka. A Stefano, amalume a a Timoteyo, adawapeza kudimba akuyang'anira anthu okumba kachewere. Atalonjerana, Gervazio adati wabwera ndi nkhani ya ana awo. A Stefano adayang'ana okumbawo, nayamba kuyenda cha kumtsinje. Sadaime mpaka adafika pamene madzi ankachita phokoso pamiyala.

Adamvetsera zonse osadula. Gervazio adawafotokozera za mapampu awiri a m'katalogi, za kuwotcherera kuja ndi za buku lakuda. A Stefano adagwira kapepala ndi nsonga za zala.

"Mwaonetsa ndani?"

"Mlongo wanga yekha."

"Ndiye mwaonetsa mudzi wonse."

"Sanene. Ndamuletsa."

"A Gervazio, inu mumadziwa kuti mwana wanga ndi kalaliki ku boma? Ali ndi ana anayi."

"Ndikudziwa. Sindikuti tikasume kulikonse. Ndikuti inu ndi ine tione, tikauze bambo mfumu zimene taona, mwana wamkazi uja amasuke."

"Kodi kufakitale sangasindikize nambala imodzi kawiri? Azungu nawonso amatopa."

"Sangatero."

"Mwafikako kufakitaleko?"

A Stefano adapinda kapepalako kuti akaike m'thumba la malaya awo, koma Gervazio adatambasula dzanja, ndipo adamubwezera.

"Chabwino," adatero a Stefano. "Lachinayi. Ndifika nthawi ya 10 koloko."

Lachiwiri pa 19 Gervazio adabwerera kusitolo ya masipeya ku Lilongwe ndi pampu yosalowa ija. Wogulitsa, Mandla, adali mnzake wocheza naye kuyambira kale. Adatsegula katalogi ya m'sitolomo, yatsopano kuposa ya Gervazio, natsitsa chala.

"Yachiwiriyi tilibe. Tiitanitsa ku Blantyre. Nambala ya injini?"

"Ingoitanitsani yachiwiriyo."

"Madala, mwaiwala? Ku Blantyre satumiza popanda nambala. Mwabweza kale imodzi."

Gervazio adatchula nambalayo motsitsa mawu. Mandla adailemba pafomu yokhala ndi kaboni kunsi, pamodzi ndi nambala ya pikapu, ndipo adaibwereza mokweza monga ankachitira nthawi zonse.

"Iyitu ndi injini ya saluni! Mu pikapu ikutanimo? Mwaiba kuti, madala?"

"Ndidaitola m'munda mwa apongozi ako."

Mandla adaseka. Kumapeto kwa kauntala kudaima bambo wina wa jekete lotuwa, akuwerenga nyuzipepala. Gervazio adamupeza pomwepo ndipo adamusiya pomwepo. Nthawi yonseyo bamboyo sadagule kanthu, sadatembenuzenso tsamba.

Lachitatu masana a Rafaelo adafika pagalaja pa njinga yamoto yobwereka. Adazungulira pikapu, naima pamene injini idatsukidwa. Malo oyerawo ankaoneka patali pakati pa oyilo wakuda.

"Mwayamba kuisambitsa? Ndimayesa ndinabweretsa kwa makaniko, osati kwa azamba."

"Pampu yoyamba inakana. Injini si ya m'bulubuku. Ndani adakusinthirani?"

"Aa, imeneyo? Ndidagula pa okushoni ya magalimoto akutha ku Lilongwe. Chaka chatha."

"Chaka chatha."

"Kapena chinzake. Ndani amasunga masiku? Bwanji, yakulumani?"

"Ndimafuna ndidziwe masipeya oitanitsa m'tsogolo muno."

A Rafaelo adayatsa fodya. Adayang'ana kabati, nayang'ana msewu.

"Ndakumbuka," adatero. "Ya okushoni idali giyabokosi. Injini adandigulitsa munthu wina wa ku Lizulu, kumalire kuja. Zambiri zimachokera kutsidya, mukudziwa. Alamu anu akupeza bwanji kumeneko? Mumamvako?"

"Sitimva."

"Amuna ndi choncho. Akapeza pofunda salemba kalata."

Lachinayi pa 21, 7 koloko isanakwane, nkhungu isanachoke m'mapaini, thirakitala idaima pagalaja. A Rafaelo adatsika ndi amuna awiri onyamula tcheni.

"Ndapeza makaniko wina ku Ntcheu," adatero. "Ali nayo pampu kale. Inu mukuchedwa, ndipo amayi akundifunsa."

"Pampu ifika sabata yamawa. Radiyeta ndamasula, mabawuti ali m'chitini."

"Ponyani zonse kumbuyoko."

"Dikirani mpaka masana, ndibwezeretse zinthu m'malo mwake. Galimoto siichoka pano ili chomasula."

"Galimoto ndi ya ndani, a Gervazio?"

Amuna aja adali atakola kale tcheni. Gervazio adaika radiyeta, fani ndi chitini cha mabawuti kumbuyo kwa pikapu. A Rafaelo adakhala pa chiwongolero, natulutsa mutu pawindo.

"Buku lanu lakuda lija, mumalembamo zonse?"

"Za ntchito."

"Khama labwino. Koma mapepala amalemera, achimwene. Alipo anthu adatopa nawo."

Thirakitala idakoka. Gervazio adaima pamsewu mpaka phokoso lake lidazimirira cha ku Ntcheu. Za bukulo adauza a Stefano okha ndi Magadalena. Komabe a Rafaelo adamuonapo akulembamo mu 1976, ndipo aliyense wobwera ndi galimoto ankaliona. Ku Lilongwe fomu ija idali ndi makope atatu. Adayesa kulumikiza zinthuzi akusesa pamene padaima pikapu, koma sizidamupatse dzina limodzi.

Magadalena adafika nthawi ya 9 koloko atavala nsalu yake ya kutchalitchi. Adayang'ana dontho la oyilo pansi.

"Achimwene, popanda pampu siyenda, paja munatero?"

Gervazio adapitiriza kusesa.

A Stefano adafika dzuwa lili paliwombo, akukankha njinga. Adati tcheni chidaduka panjira. Tchenicho chidali chouma, chafumbi, ndipo manja awo adalibe oyilo. Adalonjera onse awiri mwaulemu, nayang'ana m'chisakasamo.

"Ndiye tione chiyani?"

"Aitenga m'mawa," adatero Gervazio.

"Pepani. Ine ndabwera monga tidapanganira."

"Amalume," adatero Magadalena, atagwada monga mpongozi wawo ayenera, "mwadutsa pati pobwera kuno? Pakhomo pa a Rafaelo pali njira yachidule."

"Amake Elena!" adatero Gervazio.

"Ndikungofunsa njira, achimwene."

A Stefano adavula chipewa, nachivalanso.

"Mwana wanga, ine ndine munthu wamkulu. Chimene ndaona ndinena kuti ndaona. Chimene sindinaone sindingakalumbire pamaso pa ansembe. Ndaona kapepala kodetsedwa ndi pensulo. Injini sindinaione."

Lamulungu pa 24 Juni, Magadalena ndi Gervazio adalowa mu ofesi ya parishi ndi kapepalako, buku lakuda ndi katalogi. Bambo mfumu adatseka chitseko ndi windo lomwe. Adayerekeza manambala onse, nafunsa masiku, Gervazio nawayankha limodzi ndi limodzi.

"Ndikukukhulupirirani," adatero wansembeyo. "Koma nambalayi ikunena komwe kudali injini. Sikunena komwe kuli munthu. Akuchimuna akuti chiyani?"

"Akuti sanaone," adatero Gervazio.

"Galimotoyo ndikadaiona ine ndi maso anga, ndikadakhala ndi poyambira. Idakhala masiku angati pagalaja panu mutadziwa?"

"Asanu."

"Lamulungu lapitalo mudali pa Misa nonse awiri."

Wansembeyo adalonjeza kulembera mnzake wa ku parishi ya ku Ulongwe, kufunsa ngati kumeneko kuli mphunzitsi wotchedwa Timoteyo, wamoyo kapena m'manda.

Pampu yachiwiri idafika kusitolo pa 29 Juni. Gervazio sadakaitenge. Pa 6 Julaye pikapu ya a Rafaelo idadutsa pagalaja m'mawa itadzaza amayi ovala nsalu zofanana, akuimba. Gervazio adamvetsera kalilidwe kake pokwera chitunda. Sabata yotsatira adaipeza pamsika ku boma, boneti ili chitsegukire, dalaivala akuthira madzi. Adadutsa pafupi osaima. Pampu idali ya chithunzi choyamba. Chogwirira dainamo chidali chosawotcherera. Injini ija idali itachotsedwamo.

Madzulo a tsiku lomwelo adapita kwa mlongo wake kukamuuza. Adamupeza pakhonde akusankha nyemba. Kumutu kudali duku yakuda, ndipo pansi pa dukuyo padalibe tsitsi.

"Wakumeta ndani?"

"Ndekha. Lezala ndi kalilole."

"Popanda akuchimuna? Popanda ine? Anthu afunsa kuti wamwalira ndani."

"Ayamba kale. Dzulo kuchigayo anandifunsa akazi a a Rafaelo."

"Unati chiyani?"

"Ndinati nsabwe."

"Amake Elena, anthu awa sachita nawo masewera."

"Ndinadikira mwambo wanu masiku asanu, achimwene. Uwu ndachita ndekha. Elena ndamuuza kuti bambo ake sadatithawe."

"Sitikudziwa zimenezo."

"Inu simukudziwa."

Gervazio adakhala pampando wa ndalema mpaka mlongo wake adamaliza nyembazo. Pobwerera adadzera pagalaja, nachotsa buku lakuda m'kabati, n'kukalisiya kwa msuweni wake ku Lobi. Kuyambira tsiku limenelo ankatsuka ndi kukopera nambala ya injini ya Pijo iliyonse yolowa, ngakhale yobwera kudzamatitsa tayala.

Kalata ya bambo mfumu idaponyedwa ku positi ofesi ya ku boma Lolemba pa 9 Julaye 1979. Yachiwiri adaipereka pamanja kwa mkhristu wina wogulitsa nyemba kumalire, pa 2 Seputembala. Pofika pa Khirisimasi ya chaka chimenecho yankho lidali lisanabwere, ndipo sizidadziwike ngati imodzi mwa makalata awiriwo idafika ku Ulongwe.